Ulendo wa ku Kaulime, kanyanja ka pamwamba pa Nyika: mmene mungakonzekere kuchokera kuno ku Mangochi

Ife a ku Mangochi nkhani ya nyanja sitifuna kuuzidwa ndi munthu, tinabadwira momwemo, kusamba momwemo, kuchapa momwemo, ndiwo zikavuta timathamangira komweko. Nde ukawauza anzako kuti tiyeni tisonkherane tikaone nyanja ina ku Rumphi uko amangokuseka, eti tisiye nyanja ya Malawi ndi Malombe pakhomo pano tikaone chani. Koma iyi ndi ina abale anga. Kaulime ili pamwamba pa mapiri a Nyika, mkati mwenimweni mwa Nyika National Park, pamalo okwera kupitirira mamita 2,000 pomwe ife kuno kumunsi sitifika ndi 500 omwe. Ndi nyanja yokhayo yachilengedwe pamwamba ponse paja, enawo amene mukawaone pafupi ndi Chelinda, pamalo ogona alendo mkati mwa pakiyo, ndi madamu omanga anthu.

Ndineneretu pompano kuti musadzanditukwane pobwera: ndi kanyanja kakang'ono, mumakaona konse mutaima malo amodzi, palibe mchenga, palibe bwato, palibe wogulitsa kanyenya kapena chambo chowotcha m'mbali. Chomwe mukupitira ndi malowo, udzu wokhawokha kukafika kumene maso alekezera, mbidzi ndi ntchefu zikubwera kudzamwa, ndi kuzizira kumene thupi la munthu wa ku Mpondasi kapena ku Makawa silinakumaneko nako chibadwire. Ndipo chimene chimaononga ulendowu kwa ife si kutalika ayi, ndi zinthu ziwiri, kupeputsa chisanu ndi kaganizidwe kathu kaja koti zotsalazo tikagula konko. Konko kulibe msika achimwene, kulibe okala, kulibe wa Airtel Money pansi pa mtengo.

Yambani ndi kusankha mwezi, chifukwa zonse zikudalira pamenepo. Juni ndi Julayi kumwamba kumayera bwino, misewu imakhala youma, koma usiku kuzizira kumafika pa ziro mpaka kutsika, m'mawa mumapeza udzu wachita mbuu ndipo ukaponda umalira kuti tswatswa. Ngati ndi ulendo wanu woyamba ine sindingakulangizeni miyezi imeneyi, pokhapokha ngati mwakonzeka zenizeni. Seputembala ndi Okutobala mpaka kumayambiriro a Novembala ndi nthawi imene ndingasankhe, kuno kumakhala kukuotcha moti ugona pabwalo koma kumeneko masana kumakhala bho, usiku juzi ndi jekete basi, vuto lake ndi utsi wa moto wolusa umene umaphimba mapiri akutali. Januwale ndi Febuluwale nde nthawi ya maluwa, Nyika ili ndi mitundu yopitirira 200 ya maluwa aja a orchid ndipo ambiri amaphuka nthawi imeneyi, phiri lonse limabiriwira, koma msewu umaterera, nkhungu imatseka tsiku lonse nthawi zina, ziphaliwali nazo pamalo oyera opanda pobisala paja si zocheza. Amene ali ndi galimoto yamphamvu ndi dalaivala wodziwa matope apite, enafe tidikire chilimwe.

Kenako galimoto. Apa musanamizane pagulu. Sienta kapena Probox ija imene imatithandiza pa msewu wa Monkey Bay ikafika bwinobwino mpaka ku Rumphi, koma kupitirira apo mukailiritsa, pansi pake ndi pafupi kwambiri ndipo miyala ndi migula ya msewu wa ku Nyika sizimva chisoni. Mufunika galimoto yokwera m'mwamba, Hilux, Land Cruiser, Pajero, zoterozo, ndipo nyengo yamvula ikhale ya 4x4 yogwira ntchito osati yongolembedwa pambali. Ngati pagulu panu palibe amene ali nayo, njira yosavuta ndi kupita pa basi mpaka ku Mzuzu nkukachita hayala kumeneko, dalaivala wa ku Mzuzu kapena ku Rumphi msewuwo amaudziwa kuposa wathu wa kuno. Gwirizanani mtengo wonse musananyamuke, mafuta alipira ndani, dalaivala agona kuti, adya chani, chifukwa zokangana za ndalama pamwamba pa phiri popanda netiweki zimaononga chibale. Anthu anayi kapena asanu pa galimoto imodzi ndi okwana, mukachuluka katundu asowa pokhala, ndipo katundu wa ulendo uno ndi wambiri. Matayala a sipeya akhale awiri ngati nkotheka, jeke yogwira ntchito, pampu, chingwe chokokera, ndi khasu limodzi, inde khasu lenileni la kumunda.

Njira yake kuchoka pa boma pano mutenga msewu wa Monkey Bay koma osalowa ku Monkey Bay ko, mupitirira cha ku Golomoti mpaka mukakumane ndi M5, msewu wa m'mbali mwa nyanja uja. Kuchoka apo ndi kumpoto basi, Salima, Nkhotakota, Dwangwa pa minda ya mizimbe paja, Chintheche, Nkhata Bay, nkukwera mtunda kulowa mu Mzuzu. Ndi makilomita opitirira 500 kufika Mzuzu yekhayo, ndipo M5 malo ena ndi wopapatiza, wokumbika, njinga ndi mbuzi zili mbwee, nde musawerengere liwiro la m'mutu mwanu. Nyamukani kusanache, mukagone ku Mzuzu, tsiku limenelo latha. Nyengo yamvula funsani kaye madalaivala a pa depoti ngati milatho ili bwino, mukukumbukira madzi osefukira a 2024 mmene anadulira msewu cha ku Dwangwa. Zikavuta kumeneko pali njira ina, pa Golomoti mukwera Khwekhwelere kukatulukira pa M1 cha ku Dedza, kenako Lilongwe, Kasungu, Jenda, Chikangawa, Mzuzu. Amene ali ndi nthawi yambiri komanso amakonda za pamadzi atha kukwera Ilala pa Monkey Bay nkukatsikira pa Nkhata Bay, ndi ulendo wokoma koma Ilala ili ndi nthawi yakeyake, tsimikizani tsiku lonyamuka musanamange katundu ndipo musapangane ndi wa hayala ola lenileni.

Tsiku lachiwiri kuchoka Mzuzu mutsata M1 kudutsa Ekwendeni, kenako mukhotera kumanzere kulowera ku Rumphi boma, mudutsa pa Njakwa pamene mtsinje wa South Rukuru wang'amba phiri. Pa Rumphi imani, ndipo imani mwaulemu wake, chifukwa apa nde pomaliza pa zonse. Thirani mafuta mpaka thanki isefukire. Kuchoka apa kukafika ku Chelinda ndi makilomita opitirira 100, kubwerera chimodzimodzi, kuphatikiza kuzungulira mkati mwa paki, ndipo galimoto ikamakwera phiri pa giya yaing'ono imamwa mafuta kuposa mmene munazolowera pa flati ya kuno. Mmene mafuta amavutira masiku ano musadalire kuti pa Rumphi apezeka, thirani ku Mzuzu, pa Rumphi muzingoonjezera. Za zigubu dziwani kuti a MERA ali ndi malamulo ake, konzani chilolezo nthawi ikadalipo osati kukakangana ndi mwana wa eni pa pampu. Ndalama tapani konkuno, mukhale ndi kashi m'thumba. Tomato, anyezi, kabichi, buledi, machesi, gulani pa msika wa Rumphi. Ndipo mwalowa kwa Atumbuka, kupereka moni wa monire ndi kuthokoza kuti yewo sikukuchotserani kanthu, Chichewa amamva koma amasangalala ukayesako.

Mukadutsa Bolero msewu wambiri ndi wafumbi mpaka pa geti la Thazima, pamene palinso likulu la paki. Apa mulembetsa maina ndi nambala ya galimoto, mulipira za pa geti. Tengani chiphaso chanu cha unzika chifukwa Mmalawi amalipira zochepa kuyerekeza ndi mlendo wakunja, ndipo lisiti sungani pabwino, potuluka atha kulifuna. Yesetsani kufika pa Thazima dzuwa lisanafike pamutu. Geti silitsegulidwa usiku, komanso kuchoka pamenepa kukafika ku Chelinda patsala makilomita cha m'ma 60 a msewu wokwera, wokhotakhota, umene suthamangika, ndiye Rumphi mpaka Chelinda muwerengere maola anayi kapena kuposa, osati awiri amene foni ingakuuzeni. Poyamba mudutsa m'nkhalango ya mitengo ya miombo yonga ya ku Namwera kwathu kuno, kumeneku nkumene kumakonda kupezeka njovu, ndipo zina mwa izo ndi anansi athu, mu 2017 anasamutsa njovu 34 kuchoka ku Liwonde kupita ku Nyika. Mukakumana nazo pamsewu imani patali, musalize hutala, zidutsa zokha. Pena msewu umayenda m'malire enieni a Zambia, musadabwe foni ikakulandirani ku dziko la eni. Kenako mitengo imayamba kuchepa, makutu amatseka, mphepo imasintha, mwadzidzidzi mwatulukira pa udzu wopanda malire. Pakiyi ndi yaikulu kuposa ena onse m'Malawi muno, pafupifupi masikweya kilomita 3,200, ndipo nsonga yake yaitali, Nganda, imapitirira mamita 2,600.

Ku Chelinda mudzazindikira ndi nkhalango ya paini imene inadzalidwa m'zaka za m'ma 1950 nthawi ya atsamunda. Kuli loji, kuli tinyumba togona mabanja, kuli malo omanga matenti. Malo ogona konzeranitu muli kuno, osangotulukira, chifukwa mukapeza kodzadza kulibe resitihausi ina yoti muthawireko. Funsaninso ngati nkhuni ndi madzi otentha zilipo pa malo amene mwasankhawo.

Tsopano chisanu, ndipo pano ndichedwapo. Ukakwera mamita 1,000 aliwonse kutentha kumatsika ndi madigiri 6 kapena kuposerapo pang'ono, Chelinda ili cha pa mamita 2,300, nde werengani nokha, ndi madigiri oposa 10 pansi pa zimene tili nazo kuno tsiku lomwelo, musanaphatikize mphepo imene imaomba popanda chotchinga. Mwera wa mu Juni umene timadandaula nawo pa doko uja kumeneko ndi masana abwino. Chinsinsi si jekete limodzi lalikulu, ndi kuvala mosanjikiza: kamalaya kogwira thupi mkati, juzi pamwamba, kenako jekete losalowa mphepo ndi mvula. Mukamayenda mutentha, muvula chimodzi, mukaima muvalanso msanga thukuta lisanazizire. Jinzi ndi malaya a kotoni zikanyowa sizimauma ndipo zimakuyamwa kutentha konse, bola zija za nayiloni ndi ubweya. Zonsezi musavutike ndi mashopu, pa kaunjika wa pa msika zimapezeka motchipa chifukwa kuno palibe amazifuna, ogulitsa amachita kukuthokoza ukawagula jekete la ubweya mu Okutobala. Chipewa chophimba makutu, magolovesi, sokosi zokhuthala mapeya angapo, peya imodzi ikhale yogonera yokha isanyowe zivute zitani. Nsapato zotseka zimene munaziyendera kale, osati zatsopano, ndipo ma silipasi athu aja asiyeni a kubafa. Achemwali, chitenje tengani koma mkati muvale buluku kapena ma taiti, palibe akuoneni zachilendo kumeneko.

Amene mukagone mu tenti, kuzizira kwambiri kumachokera pansi osati m'mwamba. Mkeka wokha sukwanira, ikani katoni kapena kamatiresi, bulangete limodzi pansi, awiri pamwamba. Thirani madzi otentha m'botolo lolimba, kulungani ndi sokosi, ikani kumapazi. Koma chonde chonde, mbaula ya makala isalowe mu tenti kapena m'chipinda chotseka, ngakhale makala atayaka bwanji. Mpweya wake sununkha, umangokugonetsa, ndipo anthu amafa nawo chaka ndi chaka nyengo yozizira. Otherani panja, zimitsani, kenako kagoneni. Anzanga achisilamu, madzi a wudhu wa m'bandakucha sungani mu fulasiki usiku, a pampopi nthawi imeneyo zala zimachita kuuma osamvanso kanthu.

Chakudya nyamulani chonse, ndipo ife tili ndi mwayi chifukwa ndiwo zosaonongeka tili nazo pakhomo: usipa wouma, utaka, chambo chowamba, mcheni. Ufa, mpunga, mafuta ophikira, mchere, tiyi, shuga wambiri, mtedza wokazinga, mbatata, ma soya pisi. Amene sadya nyama yosazinga mwachisilamu nsombazi zikupulumutsani, simuvutika nkufunsafunsa. Pali chinthu chimodzi chimene chimadabwitsa ophika, pamwamba paja madzi amawira asanatenthe mokwanira, cha pa madigiri 92 m'malo mwa 100, chifukwa mpweya ndi wopepuka. Nde mphika umabwata ndithu, ukuona thovu, koma nyemba zili gwa, mpunga uli ndi mtima. Nyemba zouma zisiyeni kunyumba kapena muphikiretu. Nsima phala lake lisiyeni libwate nthawi yotalikirapo musanayambe kuthira ufa, apo ayi mudya yosapsa mimba nkukuvutani, ndipo mukaomola idyani pompo, ikakhala mphindi zochepa yazizira kale. Vundikirani mphika nthawi zonse, tchingani moto ku mphepo. M'mawa wa mu Julayi mafuta ophikira mumawapeza atachita phala m'botolo, musataye, ayandikizeni ku moto asungunuka. Zakudya usiku zilowe m'galimoto, afisi ndi ankhandwe amayendera pa kampu, ndipo fungo la usipa wathu mukulidziwa.

Za thanzi, pamwamba pa Nyika udzudzu si nkhani kwenikweni, koma ife malungo timanyamula kuchokera kwathu. Munthu walumidwa kuno sabata yatha, thupi liyamba kuphwanya ali ku Chelinda, iye nkumati ndi chisanu chabe. Ngati mukumva thupi mwina mwake kayezetseni musananyamuke, ndipo wina akatentha thupi kumeneko musadikire kuti tione mawa, chipatala chachikulu chili ku Rumphi, maola onse aja. Tsiku loyamba mudzaona kuti kamtunda kakang'ono mukupuma mwawefuwefu, mutu kuwawa pang'ono, ndi mpweya wochepa, imwani madzi ambiri ngakhale ludzu palibe ndipo musathamangire ku Kaulime tsiku lomwe mwafika. Amene ali ndi BP, asima kapena vuto la mtima ayambe aonana ndi adokotala, mankhwala anyamule okwanira. Dzuwa nalo limanamiza, kukuzizira koma likuotcha khungu, milomo imang'ambika, nde Vaseline ndi chipewa musaiwale. Netiweki ndi yapatalipatali, uzani akunyumba tsiku lobwerera kuti asayambe kulira maliro, pawabanki ndi tochi zikhale zodzadza, ndipo foni muzigona nayo m'bulangete chifukwa kuzizira kumatha batire.

Tsiku la ku nyanjako. Kaulime ili makilomita pafupifupi 8 kumadzulo kwa Chelinda, mutha kupita pa galimoto mphindi zochepa, koma ngati miyendo ilipo yendani wapansi, mukaona zambiri. Pitani ku ofesi madzulo ake mukapemphe renja kapena wokuperekezani, mugwirizane nthawi ndi malipiro. Ena amati aaa pamalo poyera chonchi ndingasochere bwanji, nkumene anthu amasocherera kumeneko, zitunda zonse zimafanana, kulibe mtengo wa mlambe kapena mzikiti woti uzikumbukira, ndipo nkhungu ikagwa pa mphindi zochepa mnzako amene ali patsogolo pako sumuonanso. Ikakupezani imani pamodzi, valani zonse, dikirani, osabalalika kukafuna njira. Komanso kuli akambuku ambiri ku Nyika, masana saoneka kawirikawiri koma alipo, nde ana asatsalire m'mbuyo kapena kuthamangira m'tinkhalango ta m'zigwa tija.

Nyamukani dzuwa likangotuluka mutamwa tiyi ndi kudya kanthu. Kupita ndi kubwera ndi makilomita 16, kwa ife osazolowera mpweya wa kumeneko ndi maola awiri kapena atatu mbali imodzi, kuima kujambula kuli momwemo. M'chikwama muike madzi, fulasiki ya tiyi, mtedza, jekete la mvula ngakhale kumwamba kuli mbee. Buluku lowetsani m'sokosi chifukwa cha nkhupakupa za mu udzu, pobwera mudzisanthule m'miyendo, m'chiuno ndi m'khwapa. Malo a lowe m'zigwa azungulireni, pamwamba pamaoneka udzu wabwinobwino koma ukaponda umalowa mpaka m'mawondo m'matope akuda ozizira, ndipo nsapato yonyowa kumeneko ndi chilango cha tsiku lonse. Wina akayamba kunjenjemera kosaleka, kulankhula zosamveka, kupunthwapunthwa, musamuseke kuti waledzera, thupi lazizira mopitirira. Mvuleni zonyowa, mufunditseni, mumwetse tiyi wa shuga, mubwerere. Kachasu kapena ka burande sikathandiza apa, kamangonamiza kuti watenthedwa pomwe thupi likutaya kutentha.

Mukayandikira tsitsani mawu, zimene kwa ife a ku Mangochi ndi mayeso aakulu kkkk. Sipika ya bulutufi isiyeni ku kampu. Musathamangire kumadzi, khalani kaye pa chitunda chapafupi mphepo ikuchokera ku nyanjako kubwera kwa inu, kuti fungo lanu lisapite ku nyama. Mukakhala chete theka la ola mudzaona zikubwera, mbidzi zimatsogola mosamala, kuima, kuyang'ana, kupukusa makutu, imodzi kumwa zina zikulondera. Nyama ija yotchedwa chilembwe mudzamudziwa ndi nkhope yake ya mawanga oyera ndi akuda, makutu aatali ndi nyanga zopindikira kumbuyo, ndipo ku Nyika nkumene mungamuone mosavuta kuposa kwina kulikonse m'dziko muno. Ntchefu ndi zazikulu ngati ng'ombe za ku Makanjira zonenepa bwino koma ndi zamantha, zimathawa muli kutali. Mphoyo imaliza kakhweru ikadzidzimuka. Zikachoka nde tsikani mukaone m'mbali mwa madzi, matope onse ali zidindo za mapazi, zina zazikulu zogawanika pakati, zina zozungulira za mbidzi, ndipo renja akuuzani kuti ichi chadutsa usiku, ichi m'mawa uno.

Kusamba ayi. Ndikudziwa kuti mwana wa kunyanja akaona madzi malaya amavuka okha, koma awa ndi ozizira kwambiri, pansi ndi matope, ndi pomwera nyama, komanso ndi malo amene eni dera amawalemekeza. Akuluakulu a kumeneko amanena kuti m'nyanjamo mumakhala chinjoka chimene chimasunga nyama za ku Nyika, ndipo kale anthu ankapita kukapereka nsembe. Kaya mumakhulupirira kaya ayi, si pamalo pochitira nthabwala kapena kuponya miyala kuti tione ngati chituluke. Kumbukirani kuti dera limeneli linali kwawo kwa anthu, Aphoka ndi ena, ng'anjo zawo zosungunulira chitsulo zikadalipo malo ena. Paki inakhazikitsidwa mu 1965, ndipo pamene ankaikulitsa mu 1978 midzi yambiri inasamutsidwa, nde renja amene akukuperekezaniyo mwina agogo ake anachokera momwemo. Mufunseni mwaulemu, mudzamva zambiri kuposa zimene ndingalembe pano. Chinanso, ambiri a ife tinasambira m'madzi a likodzo, nde zodzithandiza pitani kutali ndi madzi, kumbani kadzenje, kwirirani. Mitsinje yambiri ya kumpoto, North Rukuru ndi ina, imayambira pamwamba pomwepa nkukathira m'nyanja yathu yomwe ija, imene imadzatulukira mu Shire pansi pa mlatho wa Bakili Muluzi.

Asodzi anzanga, mbedza ndi ukonde musanyamule nkomwe, pa geti zingokubweretserani mafunso. Nsomba zoweza zili m'madamu a ku Chelinda, zija za trout zimene azungu anabweretsa, ndipo zimafuna chilolezo ndi kawezedwe kakekake, mukafuna funsani ku ofesi. Maluwa osathyola, ndipo chakudya chija cha chinaka ena amakonda chimachokera ku mizu ya ma orchid omwewa, kukumba mu paki ndi mlandu, wina akakutsatsani m'njira dziwani kumene chachokera. Moto osayatsa paliponse kupatula pa kampu, ndudu imodzi mu Okutobala itha kutentha zitunda zambirimbiri mphepo ikakhala kumbuyo kwake. Mapepala a masiwiti, mabotolo, majumbo, zonse zibwerere m'chikwama mpaka ku Rumphi. Kuyambira 2023 boma likuyendetsa pakiyi mogwirizana ndi a Peace Parks Foundation, nde malamulo ndi mitengo zimasintha, zimene anakuuzani mnzanu amene anapita kalekale musazitenge ngati za lero.

Chokani pa nyanjapo dzuwa likangopendeka, nyengo yamvula mitambo imakonda kusonkhana masana ndipo simufuna chiphaliwali chikupezeni muli pamwamba pa chitunda inu nokha wamtali. Ngati mwatsala ndi tsiku lina ndi mafuta, pitani ku mathithi a Chisanga kapena mukwere pa chitunda cha Chosi madzulo. Ine ndingati masiku asanu ndiye ochepetsetsa pa ulendo wonse, awiri opita, limodzi la Kaulime, awiri obwerera, koma mukaika lachisanu ndi chimodzi thupi likuthokozani.

Potsika uzani dalaivala agwiritse giya yaing'ono osati kupondereza mabuleki njira yonse, akatentha amasiya kugwira, ndipo mukamva fungo lopserera imani azizire. Pa Thazima onetsani lisiti lija, pa Rumphi onani mpweya wa matayala ndi kumanga manati amene agwedera ndi miyala. Majuzi muyamba kuvula pa Bolero, pofika pa Nkhata Bay mudzakhala mutatsala ndi malaya amodzi, nde ikani thumba lalikulu pafupi loponyamo zovala kuti zisasowe m'galimoto ya hayala. Ndipo ngati mwagona ku Nkhotakota kapena ku Salima pobwerera, neti ija munaiiwala masiku onsewa itulutseninso.